Kodi "Epic" ndi Ndakatulo Kapena ndi Mpira wa Dzulo?

Teremu yathayi, m'kalasi ya mabuku a Chingerezi, aphunzitsi athu analemba mawu amodzi okha pa bolodi: epic. Atatembenuka anafunsa kuti, "Ndani angatiuze tanthauzo la mawuwa?" Mnzanga amene ndimakhala naye pafupi anakweza mkono mwachangu, poti mawuwa amawatchula pafupifupi tsiku lililonse. Iye anati, "Ndi chinthu chokoma kwambiri, ngati chigoli chochinya mpira utangotsala pang'ono kutha." Kalasi yonse inafa ndi phwete. Inenso ndinaseka nawo, koma mumtima ndinkadziwa kuti akanandiloza ine, yankho langa silikanasiyana ndi lake.

Aphunzitsiwo sanakwiye. Anangoti, "Simunaname, koma pa mayeso yankho limenelo ndingakupatseni ziro." Mawu amenewa anandisowetsa mtendere. Zingatheke bwanji kuti munthu anene zoona koma n'kulephera? Ndipo ine amene ndikuphunzira zauphunzitsi, mwana wa Fomu 3 akadzandiyankha chimodzimodzi ndidzamuuza chiyani? Poti safunsa anadya phula, ndinapita ku laibulale kukafufuza, ndipo zimene ndinapeza ndi zimene ndikufuna kugawana nanu.

Zimene buku limanena

Mawu akuti epic anachokera ku mawu a Chigiriki akuti epos, amene ankatanthauza mawu olankhulidwa, kenako nyimbo kapena ndakatulo. Analowa m'Chingerezi chakumapeto kwa zaka za m'ma 1500. Pofotokoza m'Chichewa tingati epic ndi ndakatulo yaitali kwambiri yosimba nkhani ya ngwazi, ndiye kuti munthu wamphamvu ndi wolimba mtima amene zochita zake zimakhudza mtundu wonse wa anthu.

Zitsanzo zodziwika kwambiri ndi Iliad ndi Odyssey, zimene Agiriki ankati anapeka ndi Homer cha m'zaka za m'ma 700 BC. Iliad ili ndi mizere yoposa 15,000 ndipo imasimba za mkwiyo wa msilikali Achilles m'chaka chakhumi cha nkhondo ya ku Troy. Odyssey ili ndi mizere pafupifupi 12,000 ndipo imasimba za Odysseus, amene anatha zaka khumi akuvutika panjira pobwerera kwawo ku Ithaca nkhondoyo itatha. Aroma anali ndi Aeneid ya Virgil, amene anamwalira mu 19 BC. Angerezi ali ndi Beowulf, ya mizere 3,182, komanso Paradise Lost ya John Milton, yomwe inatuluka mu 1667 ndipo imasimba za kugwa kwa Adamu ndi Hava. Milton anaipeka atachita kale khungu, moti ankalankhula ena n'kumalemba.

Kutalika kokha sikupanga epic. Ndakatulo zimenezi zimasimba nkhani yokhala ndi chiyambi ndi mathero. Mwini nkhani amakhala munthu woposa anzake, amakumana ndi nkhondo kapena ulendo woopsa, milungu kapena mizimu imalowererapo, ndipo chiyankhulo chake chimakhala cholemera, chosiyana ndi cha tsiku ndi tsiku. Zambiri mwa izo zinayamba ngati zoimba pakamwa, anthu asanazilembe. M'zaka za m'ma 1930, katswiri wa ku America dzina lake Milman Parry anapita ku Yugoslavia kukajambula mawu a oimba ndakatulo zazitali osatha kuwerenga. Iye anaonetsa kuti oimba otere amadalira magulu a mawu obwerezabwereza, amene amawalumikiza pamene akuimba. N'chifukwa chake mu Iliad ngwazi imodzi imatchulidwa ndi mawu ofanana oitamanda kambirimbiri.

Ulendo wochoka m'buku kufika pamsewu

Nanga mawu olemera chonchi anafika bwanji pa chigoli cha mpira? Ulendowu unayenda pang'onopang'ono. Poyamba anthu ankati chinthu ndi epic ngati chikufanana ndi zochitika za m'ndakatulo zija, monga nkhondo yaikulu kapena ulendo wautali wapanyanja. Kenako mawuwa anafika pa mabuku aakulu ndi mafilimu aatali okhala ndi makamu a anthu. Potsiriza achinyamata anawatenga n'kumatchulira chilichonse chowasangalatsa. M'zaka za m'ma 2000, pa intaneti panafala mawu akuti epic fail, onena za kulephera kochititsa manyazi, monga munthu kugwa panjinga anthu akuona. Ife tinawatola kumeneko, kudzera m'mafilimu, pa Facebook ndi pa WhatsApp.

Chimene chimachitika apa n'chosavuta kumvetsa. Munthu akasangalala amafuna mawu aakulu oti aonetsere chimwemwe chake, ndiye amabwereka mawu amphamvu amene alipo. Anthu ambiri akamawagwiritsa ntchito pa zinthu zazing'ono, mawuwo amapepuka, ngati mpeni umene wabuntha chifukwa chodulira chilichonse. Zikatero achinyamata amasaka ena atsopano. Mawu akuti awesome anayenda njira yomweyi. Kale ankanena za chinthu chochititsa mantha ndi ulemu, monga ukulu wa Mulungu. Lero munthu amati awesome akangopatsidwa nyama yochuluka kudayining'i.

Abale ake a epic

Mawu ena okhudza nkhani za ngwazi anasinthanso chimodzimodzi, ndipo ena anasintha moti n'kovuta kuwazindikira.

Saga ndi mawu a anthu akale a ku Iceland ndi ku Norway, ndipo ali pachibale ndi mawu a Chingerezi otanthauza kunena. Nkhani zotchedwa saga zinalembedwa makamaka ku Iceland m'zaka za m'ma 1200 ndi 1300, ndipo zimasimba za mafumu, mabanja ndi maudani opitirira mibadwo ingapo. Zinalembedwa ngati nkhani wamba, ngakhale muli ndime za ndakatulo apa ndi apo. Masiku ano atolankhani amatcha saga nkhani iliyonse yosatherapo. Amene amawerenga nyuzipepala za Chingerezi za kuno kwathu awaonapo mawuwa akuphatikizidwa ndi nkhani ya Cashgate, yomwe inaululika mu 2013 n'kukhala m'makhothi zaka zambiri.

Legend anachokera ku mawu a Chilatini akuti legenda, kutanthauza zinthu zoyenera kuwerengedwa. Poyamba zinali nkhani za moyo wa oyera mtima zimene zinkawerengedwa m'nyumba za amonke. Pambuyo pake mawuwa anayamba kutanthauza nkhani yakale imene mbali ina ndi mbiri, mbali ina ndi nthano. Kenako anafika pa munthu wotchuka, monga katswiri wa mpira kapena woimba. Lero kuhositelo, mnzako akakubwereka chaja cha foni umamuuza kuti ndi legend.

Chitsanzo chimene chinandidabwitsa kwambiri ndi jest, mawu a Chingerezi otanthauza nthabwala. Ku France kunali ndakatulo za nkhondo zotchedwa chansons de geste, kutanthauza nyimbo za zochita zazikulu, ndipo yotchuka kwambiri ndi ya msilikali Roland, ya cha m'ma 1100. Mawu akuti geste atalowa m'Chingerezi ankatanthauza nkhani ya zochita za ngwazi. M'kupita kwa nthawi anayamba kutanthauza nkhani iliyonse yosangalatsa anthu, kenako nkhani yoseketsa. Mawu amene anayambira pa bwalo la nkhondo anathera pa nthabwala, ndipo palibe amene amadandaula nazo lero.

Palinso rhapsody, mawu ochokera kwa anthu amene ankalakatula ndakatulo za Homer pa zikondwerero za Agiriki. Dzina lawo linkatanthauza osoka nyimbo. Odyssey tsopano ndi ulendo uliwonse wautali ndi wovuta. Ndipo anzanga a zauphunzitsi, mphunzitsi amene adzatiyang'anire pokaphunzira ntchito m'sukulu timamutcha mentor. Limeneli linali dzina la munthu. Mentor anali bwenzi la Odysseus limene analisiyira nyumba yake ndi mwana wake Telemachus popita kunkhondo.

Africa nayo ili nazo

Tisaganize kuti ndakatulo za ngwazi ndi za ku Ulaya kokha. Mu 1970, Ruth Finnegan analemba m'buku lake lonena za zolakatula za pakamwa za mu Africa kuti epic sipezeka kwenikweni kumwera kwa chipululu cha Sahara. Akatswiri ena anatsutsa maganizo amenewa, ndipo mmodzi mwa iwo anali Isidore Okpewho wa ku Nigeria, amene anatulutsa buku la The Epic in Africa mu 1979.

Umboni waukulu ndi nkhani ya Sundiata Keita, amene anayambitsa ufumu wa Mali m'zaka za m'ma 1200. Imasimba za mwana amene anachedwa kuyenda, n'kuthawira kunja kwa dziko lake, kenako n'kubwerera kudzagonjetsa mfumu Soumaoro Kanté. Alakatuli a kumeneko, otchedwa jeli, anaisunga pamtima kwa zaka mazana ambiri, ndipo Djibril Tamsir Niane anaisindikiza m'Chifalansa mu 1960. Ku Congo anthu a mtundu wa Nyanga ali ndi nkhani ya Mwindo. M'Chiswahili muli ndakatulo zazitali zotchedwa utenzi kapena utendi. Ku South Africa, Mazisi Kunene anapeka m'Chizulu ndakatulo yaitali ya mfumu Shaka, ndipo inatuluka m'Chingerezi mu 1979.

Apa pali kusiyana kumene wophunzira ayenera kukusamala. Azulu ali ndi izibongo, ndakatulo zotamanda mafumu zimene amalakatula munthu wotchedwa imbongi, ndipo matamando otere amamvekanso pa miyambo ya Angoni a ku Mzimba ndi ku Ntcheu. Ndakatulo yotamanda imaunjika maina ndi zifanifani za ukulu wa mfumu, pamene epic imasimba nkhani yonse mwatsatanetsatane. Zonse ziwiri ndi za ngwazi, koma pa mayeso si chinthu chimodzi.

Chichewa chathu chimachitanso zomwezo

Zimene zinachitikira epic zimachitikanso m'Chichewa. Achinyamata a m'matauni ndi m'masukulu tili ndi kalankhulidwe kathu, kamene ena amakatcha Chibrazi, dzina lochokera ku mawu amene anyamata amaitanirana potanthauza m'bale. Francis Moto wa ku Chancellor College analembapo za kalankhulidweka mu 2001. Mawu ena tinabwereka kunja, monga shapu kuchokera ku Chingerezi, ndi mfana kuchokera ku Chizulu. Ena ndi mawu akale a Chichewa amene tinawapatsa ntchito yatsopano. Mbola ndi chimene njuchi imalumira, koma mnyamata akati foni iyi ndi mbola, akutanthauza kuti ndi yachabechabe.

Chitsanzo chimene chiyenera kutigwira mtima ife a mu mpingo ndi likasa. M'Baibulo, Likasa la Chipangano ndi bokosi lopatulika mmene munali magome a Malamulo Khumi. Koma funsani mwana wa sekondale aliyense, akuuzani kuti likasa ndi kapepala ka mayankho kolowa nako mobisa m'chipinda cha mayeso. Tanthauzo limeneli limandikumbutsa chaputala 4 cha 1 Samueli, pamene Aisiraeli ananyamula Likasa kupita nalo kunkhondo poganiza kuti liwapulumutsa, koma anagonja ndipo Afilisti analilanda. Tangoganizani mphunzitsi wa Sukulu ya Sabata akufotokozera ana za likasa, ena kumbuyo akukodolana n'kumaseka. Ngati mphunzitsiyo sadziwa tanthauzo lachiwirilo, sangamvetse chimene chikuseketsa, ndipo phunziro lake limudutsa.

Mawu akuti ngwazi nawonso ali ndi mbiri yawoyawo. Tanthauzo lake ndi munthu wamphamvu wogonjetsa adani. Koma chifukwa linali dzina laulemu la Dr Hastings Kamuzu Banda kwa zaka zambiri, agogo athu akamva mawuwa amayamba aganiza za munthu mmodzi ameneyo. Ife achinyamata tikafuna kuyamikira katswiri timangoti ndi dolo.

Ndani amalamula tanthauzo?

Ambiri timaganiza kuti mtanthauziramawu ali ngati buku la malamulo, ndipo chimene sichilimo ndi cholakwika. Koma olemba mabukuwa ntchito yawo ndi kusonkhanitsa umboni wa mmene anthu amagwiritsira ntchito mawu. Oxford English Dictionary inayamba kutuluka m'zigawo mu 1884 ndipo inatha mu 1928. Mkonzi wake James Murray ankalandira timapepala tambirimbiri kuchokera kwa owerenga odzipereka, kalikonse kokhala ndi chiganizo chotengedwa m'buku, ndipo matanthauzo ankachokera m'ziganizo zimenezo.

Mbiri ya Chichewa ikuonetsanso zomwezi. Johannes Rebmann, mmishonale wa ku Germany, anali pafupi ndi Mombasa m'zaka za m'ma 1850 pamene anakumana ndi Salimini, munthu wochokera m'chigawo chapakati cha dziko lathu amene anatengedwa ukapolo. Rebmann analemba mawu kuchokera pakamwa pa Salimini, ndipo bukulo linasindikizidwa mu 1877. David Clement Scott wa ku Blantyre Mission anatulutsa mtanthauziramawu wa Chimang'anja mu 1892. Mtanthauziramawu wofotokoza Chichewa m'Chichewa momwe, wokonzedwa ndi Centre for Language Studies ya ku Zomba, unatuluka m'chaka cha 2000. Onsewa anayamba amvetsera anthu, kulemba kunadza pambuyo.

N'chifukwa chake mawu amene lero ndi a pamsewu, mawa akhoza kukhala ovomerezeka. Mawu a Chingerezi akuti mob, otanthauza chigulu cha anthu osokoneza, anali chidule cha mawu a Chilatini, ndipo mlembi Jonathan Swift anawanyoza mu 1710 kuti akuononga chiyankhulo. Lero oweruza milandu amawalemba. Basi imene timakwera popita ku Lilongwe dzina lake ndi chidule cha omnibus, mawu a Chilatini otanthauza ya onse. Komabe mawu ambiri a achinyamata amafa msanga, ndipo olemba mabuku amadikira kuti aone amene akhalitse. Akawalowetsa, amaikapo chizindikiro chakuti slang kapena informal, kutichenjeza kuti ndi mawu a pocheza. Palinso Urban Dictionary, imene inayamba pa intaneti mu 1999, koma kumeneko aliyense amalemba tanthauzo lake, ndipo muli zambiri zotukwana ndi zongopeka. Si malo otengako yankho la asayimenti.

Chifukwa chake nkhaniyi ndi yathu

Tsopano ndikumvetsa zimene aphunzitsi aja ankatanthauza. Mnzangayo ananena tanthauzo limene lilipodi, koma analinena pamalo olakwika. Mawu ali ngati zovala. Jezi ya mpira ilibe vuto, koma sitiivala pokalalikira pa guwa.

Kwa wophunzira, kusadziwa kusiyanitsa kumeneku kumadya malikisi. Mwana akalemba pa mayeso a MSCE kuti ulendo wake wa kunyanja unali epic, wochonga akhoza kuona kuti walemba ngati akucheza ndi anzake. Akafunsidwa za epic pa mayeso a mabuku n'kuyankha za mpira, funso lonse lapita. Pofunsira ntchito, kalata yodzaza ndi mawu a pa WhatsApp imathera m'bini.

Kwa wowerenga Baibulo la Chingerezi vutoli limabwera chakumbuyo, chifukwa tanthauzo limene tikulidziwa ndi latsopano pamene limene lili m'bukumo ndi lakale. Baibulo la King James linatuluka mu 1611. Pa 1 Atesalonika 4:15, vesi limene timalikonda pokamba za kubweranso kwa Yesu, pali mawu akuti prevent. Lero amatanthauza kuletsa, koma nthawi imeneyo ankatanthauza kutsogola. Paulo akunena kuti amoyo sadzatsogola amene anagona. Mawu akuti conversation m'Baibulo lomweli kawirikawiri amanena za makhalidwe a munthu, osati macheza. Mlaliki wosafufuza akhoza kumanga ulaliki wonse pa tanthauzo limene mlembi sanaliganizepo.

Kwa ife aphunzitsi a mawa, ntchito ndi yaikulu. Tikamakalipira ana kuti mawu awo ndi zopusa, adzasiya kulankhula m'kalasi. Tikawalekerera, adzalephera mayeso. Njira imene ndikuona kuti ingathandize ndi kuyambira pa zimene mwanayo akudziwa. Akati epic ndi chigoli chokoma, timufunse chimene chinapangitsa chigolicho kukhala chachikulu. Adzatchula kulimba mtima, mdani wamphamvu, ndi khamu la anthu amene chimwemwe chawo chinadalira munthu mmodzi. Pamenepo wafika kale pakhomo pa Achilles ndi Sundiata, kwatsala ndi kumutsegulira buku.

Pofufuza mawu, tiziwerenga matanthauzo onse, osangoima pa loyamba. Mabuku ena amayamba ndi tanthauzo lakale kwambiri, pamene mabuku a ophunzira, monga Oxford Advanced Learner's Dictionary imene anayambitsa A. S. Hornby, kawirikawiri amayamba ndi lodziwika kwambiri. Tiziyang'ana zizindikiro zija zosonyeza ngati mawu ndi a pocheza, akale kapena achipongwe. Tiziwerenganso chiganizo chachitsanzo, poti ndi chimene chimaonetsa malo amene mawuwo amakhala. Ndipo tisanatchule mawu atsopano pagulu, makamaka kutchalitchi kapena pamaso pa makolo, tiyambe tafunsa tanthauzo lake lonse, chifukwa ena amene amamveka osalakwa amabisa zolaula.

Mnzanga uja sanasiye kunena kuti epic. Sabata yathayi anatero titamaliza kuyeserera nyimbo za kwaya. Kusiyana kwake n'kwakuti pa tebulo lake pali Odyssey imene anabwereka ku laibulale, ndipo wafika pamene Odysseus watsekeredwa m'phanga la chimphona cha diso limodzi. Akuti akamaliza ayamba ya Sundiata, ndipo ine ndalembetsa kale kuti akabweza Odyssey ikhale yanga.